ARomano Nzunga ndi Mwala Wobweza

Chilape!

Mwakhala duu bwanji? Ndati chilape! Eya, nachize, ndakumva kumbuyoko, zikomo mwana wa munthu. Ndikudziwa kuti pamaliro saponyerapo zilape, koma ine ndine Bernadete Nanzunga, zakhali wa malemu, ndipo manyazi ndinawaiwala m'mimba mwa mayi. Chilape changa nachi: mlendo wa kwathu, ukam'menya umalira ndiwe, ukam'sisita umagona tulo ndiwe. Musadzivute, simuchimasula. Yankho lake ndi ilo laima pambali pa bokosilo, talifunditsa mkeka. Tilivundukula ikakwana nthawi.

Mafumu, akuluakulu a tchalitchi, adzukulu, ndi anamalira nonse, ndaima pano m'malo mwa banja la kwa Nzunga. Sikola ndinangoinunkhiza, zilembo zanga zili ngati mopalasa nkhuku, ndiye ndikakakamira mundidikire.

Ndisanayambe ndinene chimene chandiimika. M'mawa uno adzukulu akumba manda kunja kwa msitu, pachulu cha m'mbali mwa njira, pamene timatayapo agalu. Akuti ndi mawu a aPatrisio Magwagwa, awo avala chipewa cha chisilikaliwo, akuti malemu anagulitsa mudzi kwa Apwitikizi, choncho sangagone pakati pa anthu. Ine ndikuti agona m'msitu, pambali pa mwana wawo Marko. Adzukulu, makasu musatsuke. Mverani kaye.

Malemu anabadwa pa 9 Marso 1928, muno mwa Chidzuma, kunsi kwa phiri la Domwe. Tsikulo ndi la apadiri. Ine chimene ndikukumbuka n'chakuti kunagwa matalala ophwanya zipanda. Bambo awo anali mlongo wanga aGeraldo Nzunga, mayi awo aBenedita Nangozo, onse anatsogola. Anabadwa atafumbata manja onse awiri gwa, azamba anachita kuwatambasula zala mwamphamvu. Ine ndinati uyu akhala wakuba kapena mmisiri. Mulungu anawasankhira chachiwiricho.

M'chaka cha 1937 anayamba sikola. Aprofesoro awo anali a mkono wopepuka, ndodo inkathyoka dzuwa lisanafike pamutu. Tsiku lina malemu anasema nkhope ya aprofesorowo pa mbatata, mphuno yake yomweyo, njerewere ya pachibwano yomweyo. Ana anzawo anaseka mpaka kugubuduka pansi. Anamenyedwa mpaka magazi kutuluka m'khutu, ndipo khutu la kumanzere linagontha kuyambira tsikulo. Sikola inathera pomwepo. Koma mbatata ija aprofesoro sanaitaye ayi, anaiika pawindo mpaka inaphuka.

M'chaka cha 1946 anagwidwa chibalo. Anawamanga chingwe m'chiuno pamodzi ndi anyamata anzawo, kukaphwanya miyala pamsewu wolowera ku Tete. Ena sanabwereko. Iwo anabwera msana uli mizeremizere ya chikoti, koma anabweranso akudziwa mwala. Ankati mwala uli ndi msana wake ndi mimba yake, ukaupeza pamimba umatseguka wokha.

Pa 18 Agosto 1951 anakwatira aLaurinda Namaseko, awa akhala kumutu kwa bokosiwa. Kufunsira kwake kunali kwa chibubu. Anasema mtondo, n'kukautula pakhomo pa eni mwana, n'kuthawa. Ndinachita kukalankhula ndine, ndipo ndinawanamizira zabwino zambiri zimene pambuyo pake zinapezeka kuti n'zoona. Mulungu anawapatsa ana, ena anabwerera ali akhanda, anakula ndi awiri: Marko ndi Domingas. Ntchito yawo inali kusema. Mitondo imene mumasinjiramo, mipini, magoli a ng'ombe, mphero za m'mudzi muno, ngakhale Yosefe Woyera wa m'tchalitchi muja, amene mukamuyang'anitsitsa akufanana ndi aGeraldo ataledzera, zonsezo ndi manja awa.

Tsopano gwirani mitima.

Pa 14 Otubro 1967, dzuwa lili pamutu, kumwamba kopanda ndi kamtambo komwe, kunamveka kulira ngati nsalu yaikulu ikung'ambika. Kenaka phiii! Nkhuku zinagwa chagada, mbiya zanga zimene ndinayanika zinasweka zonse. M'munda wa kachewere wa malemu munagwa mwala wautali ngati munthu, wakuda bii ngati kunsi kwa mphika. Ng'ombe ya aJustino imene inkadya pamenepo tinangotolapo nyanga. Anthu anathawa. Malemu anapita ndi sompho.

Mwalawo sunali wa dziko lino. Padzuwa unkazizira ngati madzi a m'chitsime, m'nyengo yachisanu unkafunda ngati mwana. Mvula sinkaunyowetsa. Mthunzi wake sunkathawa dzuwa monga uchitira mthunzi wanu ndi wanga, unkagwera kumene kuli dzuwa komweko. Ukauyang'ana nthawi yaitali unkaona tinthu towala tikuyendayenda m'kati mwake ngati chiswe.

Anautema ndi sompho chakunsi. Mwala osakandika n'komwe, koma msongolo wawo unang'ambika mpaka fupa kuonekera mbee. Anati mwina sompho yadumpha. Bala litapola anapita ndi nyundo, n'kuumenya m'mbali. Nthiti ziwiri zinathyoka, zawo. Anabwera kwa ine akukwawa, akulavula magazi.

"Azakhali, mwala uja ukubweza."

Ndinati, "Ukubweza chiyani, unaubwereka?"

"Chimene ndauchita, nanenso chikundichitikira. Malo ake omwewo."

Ine ndine woumba mbiya, ndipo mbiya siimenyedwa. Ndinawauza kuti, "Iwe ndi nzeru zako zachimuna, chilichonse n'kumenya. Taya nyundo. Tenga nkhulungo iyi, kamwala kanga kosalazira mbiya, utenge mchenga wa kumtsinje, madzi ndi mafuta a nsatsi. Uukulungize monga ndichitira ine." Anayesa. Mwala unayamba kutha pang'onopang'ono, iwo akumva ngati wina akuwathowa thupi lonse. Tsiku limenelo anagona tulo pamzere pomwepo, mbuzi zikuwadumpha.

Tinausamutsira m'shedi yawo, n'kuutcha Chibweza, ife awiri. Anandilumbiritsa kuti ndisauze munthu, ngakhale aLaurinda. Ankati anthu akadziwa, aliyense azikokera mdani wake kumeneko. Ndiye inu munkangoona mwamuna wamkulu atagwada m'shedi yake, akusisita mwala ndi nkhulungo ya amayi, mvula ndi chilimwe. Munkaseka. APatrisio, amene nthawi imeneyo anali atangobwera ku Joni ndi nkhani zakuti anapha mkango ndi lamba, ankaima pakhomo n'kumati, "ARomano, mawa tikugulireni chitenje!" Malemu ankangotembenuzira kumeneko khutu logontha lija.

Panali mtengo wake. Pamene mwala unkatha, nawonso ankatha. Anaonda, khungu linasalala see, mizere ya m'manja inafufutika. Ankasungunuka ngati sopo. Ndinawauza kuti asiye, anati, "Azakhali, muli munthu m'menemu, akufuna kutuluka."

Munthu wake ameneyo! Chimene chinatuluka m'chaka cha 1971 si munthu, si nyama, si woyera wa m'tchalitchi. Khosi lalitali ngati la kakowa. Mutu wopanda pakamwa. Kumaso kulibe maso, ali m'zikhatho, ndipo zikhathozo zatambasuka ngati wopempha mchere. Mawondo anapindikira kumbuyo. Kumsana kuli timapiko tosatha kumera, ngati ta mwanapiye. Koma kumbuyoku, anamalira, pepani pali apongozi pano, anachipatsa mbina yoti mbiya ya mowa ikhoza kukhalapo osagwa. Ndinawafunsa kuti nanga izi anazitenga kuti, anati anazipeza momwemo. Ukachinyamula mokalipa sichisuntha, ukachinyamula mwaulemu nacho chimakunyamula, chimapepuka ngati dengu la nkhwani. Inu munkachitcha chidole cha aRomano.

Chaka chomwecho nkhondo inatipeza. Atropa, asilikali a Chipwitikizi aja, anamanga msasa pamtunda paja n'kuuzinga ndi waya. Mkulu wawo dzina lake lenileni sindilidziwa, ife tinkamutcha Masoamphaka. Ankasakasaka anyamata a m'tchire, omenyera ufulu aja, ndipo powasowa ankalusira ife. Anali ndi khalidwe lake limodzi, ndipo muligwire bwino pakuti nkhani yagona pamenepa. Akamva kuti chinthu chakuti n'cha anyamata a m'tchire, sankachiotcha kapena kuchilanda. Ankandanditsa asilikali ake onse pamzere, iye kumapeto, n'kuchiwombera pamodzi. Anatero ndi ng'oma za m'mudzi. Anatero ndi nkhokwe ya aAntonia, chimanga n'kumwazika ngati matalala. Anatero ndi galu amene ankamuganizira kuti amanyamula mauthenga.

Pa 2 Mayo 1972 anatero ndi Marko. Anam'peza kudimba ali ndi mphika wa nyemba, akupitira nawo amayi ake. Anati ndi chakudya cha m'tchire. Anam'mangirira kumtengo wa mpichesi, natiitana tonse kuti tione. Mnyamata woti ndevu zangoyamba kumene. Utsi utatha, panalibe nkhope yoti mayi n'kuipsompsona. Malemu anam'tola ndi manja awo, nam'kulunga mumkeka. Sanalire. Anabwerera m'shedi n'kukasisita mwala mpaka zala kutuluka magazi.

M'mwezi wa Setembro chaka chomwecho atropa anagwa m'mudzi m'mawa, anthu akunola makasu. Anatenga aliyense wa miyendo yolimba, amuna ndi akazi, Domingas ali momwemo ndi pakati pake. Anawatsekera m'nyumba ya malata yosungiramo chimanga, yopanda windo. Masoamphaka anatumiza mawu kuti Loweruka ayamba kuwatulutsa mmodzimmodzi, kumtengo, kufikira wina atanena kumene kuli anyamata. Ambiri a inu munali m'nyumba imeneyo. Fungo lake mukulikumbuka.

Lachisanu malemu anabwera kwa ine. "Azakhali, mudziwa kutsogolera ng'ombe?"

Ndinati, "Amuna atatu ndinawatsogolera mpaka kumanda, ng'ombe n'chiyani?"

Tinayala udzu m'ngolo, n'kugonekamo Chibweza ngati mwana wodwala. Nkhalamba zimene zinatsala m'mudzi zinationa tikukwera mtunda, ndipo zinalavula. Pachipata malemu anagwada n'kuomba m'manja. Anafuula kuti amveke, ndipo inu a m'nyumba ya malata munawamva ndi makutu anu: "Patrau, bwana wanga, ndabwera kudzakuthandizani kuthetsa anyamata a m'tchire!" Mawu amenewo ndi amene akumbitsa dzenje lija pachulu. Sindikuwakana. Anawanenadi.

Tinachiimika pabwalo la msasa. Malemu anati, "Uyu ndiye mulungu wawo. Ndi amene amasandutsa zipolopolo zanu madzi. Akafa uyu, nkhondo yatha."

Masoamphaka anachizungulira, akuyang'ana maso a m'zikhatho aja. Ndi Chinyanja chake chothyokathyoka anati, "Iwe kunama, ine kupha iwe." Kenaka anakweza ndodo yake ya chitsulo kuti achigogode pamutu.

Akanachigogoda, akanamva pamutu pake, n'kudziwa zonse, ndipo Loweruka likanafika. Malemu anaponya dzanja pakati. Ndodo inatera pazala, khwa! Ziwiri zinalendewera ndi khungu lokha. Osakuwa. Anati, "Musachidzutse, Patrau. Mukachikhudza ndi chimodzi chimadzuka. Chimafa ndi mfuti zonse nthawi imodzi."

Chifukwa chogwira ndodo ya mzungu anawagoneka pansi n'kuwapatsa mbalamatodya, thabwa la zibowo lomenyera m'manja lija. Anawamenya dzanja lothyokalo ndi linzake lomwe, mpaka zikhatho kuphulika ngati matimati, magazi kuthovokera pa malaya a womenyayo. Ine ndinagwira chingwe cha ng'ombe, ndikudziluma lilime. Atakomoka anawakankhira kunsi kwa ngolo ndi phazi.

Koma khalidwe ndi khalidwe. Masoamphaka analiza wezulo. Anabwera onse, ngakhale wophika, ngakhale mlonda wa pachipata. Anandanda. Iye anaima kumapeto, naloza mfuti yake pamutu wopanda pakamwa uja. Ine ndinagona pansi pakati pa ng'ombe, n'kutseka makutu.

Kunalira kamodzi.

Nditadzutsa mutu, mzere wonse unali pansi. Wolasa pachifuwa, chifuwa chake chinali chibowo. Wolasa pamimba anali akudzigwira matumbo, akuitana mayi ake. Wa mfuti yaikulu yolira ngati chigayo ija anaduka pakati ngati nzimbe. Masoamphaka anagwa chagada, chipewa chili poteropo, ndipo chimene chinali m'chipewacho sindinena pano pali ana. Magazi anayenda m'ngalande ya mvula mpaka kuchipata. Chibweza chili chiimire, zikhatho zotambasula, chopanda ndi kachipsera komwe.

Musaombe m'manja. Pamzere paja sipanali azungu okha. Panali ana akuda ngati athu, ogwidwa mokakamiza kumidzi yawo, wina ndinkam'gulitsa mazira, ankanditcha agogo. Malemu anawaona onsewo atatsitsimuka. Kuyambira tsikulo sanadyenso nyama.

Tsopano tifike kwa ngwazi yathu. Pamsasapo panali munthu mmodzi amene sanali pamzere komanso sanali m'nyumba ya malata. Ankatungira atropa madzi, n'kumalandira zotsala za m'zitini. Wezulo italira analowa m'mgolo wopanda madzi n'kudzivundikira. Kutakhala zii, ndinaona chivundikiro chikutukuka, maso awiri akusuzumira. Anatuluka. Anayang'ana uku ndi uku, ine osandiona chifukwa cha ng'ombe. Anavula mtembo wina jombo za misomali kunsi n'kuvala. Anatola chipewa, anatola mfuti, anadzipaka magazi a eni ake pamalaya. Akupita kukatsekula nyumba ya malata anadutsa kumbuyo kwa Chibweza, ndipo mbina ija inamuitana. Anati, "Choka apa, chidole cha wogulitsa!" N'kuchiponda theche ndi mphamvu zake zonse.

Anamalira, ndaonapo nkhuku zikuuluka, koma munthu ndinamuona tsiku limenelo. Anakatera chafufumimba pamulu wa nkhuni. Anadzuka akutsimphina, atagwira kumbuyo, n'kukatsekula chitseko. Mawu oyamba amene munamva ndi akuti, "Tulukani, ndawamaliza ndekha! Andilasa, koma ndawamaliza!" Ndipo munawanyamula pamapewa aPatrisio Magwagwa. ARomano munawadutsa ali kunsi kwa ngolo. Anawakoka ndi Domingas yekha.

Tsiku lomwelo tonse tinathawira kutsidya, ku Dedza, ndipo m'mawa mwake ndege zinaotcha mudzi psiti, kutsala tchalitchi ndi zimene tinabisa. Tisanathawe, Chibweza tinachibisa m'nkhuti ya kachewere, ine ndi malemu, iwo akukankha ndi zigongono. Kutsidyako anthu sankawapatsa moni. Ana ankawaponya zitsononkho. ALaurinda kumjigo ankatunga pomalizira. Malemu ndinawapempha kuti andimasule ndinene, anakana. Anati, "Nkhondo ikadalipo. Akamva a uku adzachifuna, akamva a uko adzachifuna. Ndiponso, azakhali, kupha anthu si chinthu chovalira chipewa. Musiyeni avale." Anati ndidzanene iwo atapita, pamene nachonso chizidzapita.

Tinabwerera kuno m'mwezi wa Novembro 1974, mfuti zitaleka. Manja aja sanapole. Ankatupa, n'kuphulika, n'kumatuluka mafinya. Mmisiri wa mudzi wonse ankamwetsedwa phala ndi akazi awo. Thupi linali litatha kale ndi nkhulungo, panalibe poti matenda n'kugwira. Tinapita nawo ku chipatala ku Ulongwe, anatibweza. Mbendera yatsopano itakwera mu Junyu wapitayu anaimva ali pamphasa, anati, "Marko akanavina." Anatisiya dzana, pa 21 Julyu 1975, dzuwa likupendeka, mutu uli pamiyendo pa aLaurinda.

Asiya akazi awo aLaurinda Namaseko. Asiya mwana wawo Domingas ndi amuna ake aJosé. Asiya mdzukulu Romano wamng'ono, amene anali m'mimba m'nyumba ya malata muja, uyo akudya dothi apoyo, m'chotseni. Asiya ine, chitsa chokana moto. Asiyanso inu nonse amene munatuluka pachitseko chija ndi miyendo yanu.

Banja likuthokoza amayi a m'tchalitchi amene agona pano chiyambire, aJustino amene apereka matabwa a bokosi osakumbukira za ng'ombe yawo ija, achibale a ku Dedza amene awoloka ku Kalomwe ndi ufa pamutu, ndi inu adzukulu, ngakhale mwakumba molakwika. Thukuta ndi thukuta.

Malemu anasiya pempho limodzi. Chibweza chilowe nawo m'manda, chigone pa udzu pambali pawo, chisadzaonekenso. Ndiye adzukulu, dothi loyamba muthire ndi manja, mofatsa, ndipo musapondeponde, mungadzuke mawa muli ndi mapazi pamsana.

Pepala lathera apa. Zotsalazi n'zapakamwa.

Domingas, chotsa mkekawo. Pang'onopang'ono, mwanawe. Eya. Musathawe, amayi, sichiluma, pakamwa chilibe. Taonani mthunzi wake kumene wagwera. Limenelo ndilo yankho la chilape changa.

Ndikuona ena mukuti nkhalambayi yapenga ndi chisoni. Chabwino. ACustódio, inu ndinu mkulu wa adzukulu, ndinu munalamula makasu m'mawa. Bwerani. Muchithethe ndi chala pamphumi, pang'ono pokha, monga muchitira ndi mwana wosamva. Musaope. Eya, choncho.

Hii! Mwagwiranji pamphumi, aCustódio? Yakulumani njuchi? Tawauzani anzanuwo. Akuti chiyani? Akuti ngati wina wawathetha. Ndi chala chokha chimenecho, anthuni. Tsono ganizani mfuti.

APatrisio! Mwaimiriranji? Mwambo sunathe. Inu mwakhala mukunena pamowa paliponse kuti ichi n'chidole chabe, ndi kuti atropa munawagwetsa nokha, ena ndi mfuti, ena ndi mutu. Chaka chatha analipo khumi, chaka chino ndamva afika makumi asanu, akuswana m'manda momwemo. Ndiye bwerani, ngwazi. Chipatseni mbama imodzi chidolechi, yachimuna, ya ku Joni. Mukachimenya osagwa, ine ndemwe ndinyamula mwana wa mlongo wanga kukam'taya pachulu.

Bwanji? Dzanja lachita dzanzi? Gwiritsani linalo. Nalonso? Kapena phazi, poti phazi ndiye mumalidziwa bwino.

Akuti bala la chipolopolo lawayamba kuwawa. Bala limenelo lija mumakhalira thako limodzi m'tchalitchi, ife n'kumakupatsani mpando wa kutsogolo? Chipolopolo chimasiya kabowo, aPatrisio. Anyani sasekana zikundu, koma lero mutikhululukire. ARufina, inu ndinu akazi awo, mumaliona bala limeneli pothowa. Pamaso pa bokosi ili, lili ndi maonekedwe anji?

Kwezani mawu, mayi, akumbuyo sanamve.

Akuti jombo! Akuti jombo yathunthu, chidendene chake ndi misomali yake yomwe, mpaka kuwerengeka! Akuti iwo ankadabwa kuti kodi Apwitikizi anayamba liti kuika nsapato m'mfuti!

APatrisio, bwererani pang'onopang'ono, kumbuyo kwanuko kuli benchi... Ayi, agwera. Agweranso mbali yomweyo! Tamvani kukuwako, ndiye kwa tsiku lija ndendende. Atoleni, anyamata. Chipewacho chisiyeni pansi, mwini wake anafa kale.

Sekani, anamalira, musadzigwire pakamwa. Apadiri nawonso akugwedezeka mapewa, ndawaona. ALaurinda, sekani mayi, mwatunga pomalizira nthawi yaitali.

ACustódio atola khasu. Enanso atola. Njira ya kumsitu mukuidziwa, pambali pa Marko pali malo, pansi pa mtengo wa mkuyu. Dzenje la pachulu lija musalikwirire, mwina aPatrisio afuna pobisala, mgolo uja unapsa.

Romano, mwana wa mlongo wanga, khutu lako labwino lija litembenuzire kuno. Ukumva? Akuseka, ndipo sakuseka iwe. Pita ukagone ndi mwana wako. Mzimu wako uuse mumtendere.